Mphumu ya akavalo: mdani ali m'khola momwemo

Kavalo akamatsokomola m'mawa uliwonse pomupatsa udzu, ambiri amati ndi kachimfine, katha kokha. Miyezi imapita osatha. Kawirikawiri imeneyo ndi mphumu, matenda amene akakula amagwira makamaka akavalo opitirira zaka 7.

Kavalo amapuma ndi mphuno zokha, sangathandizire ndi pakamwa ngati ife. Wathanzi akaima phee amapuma ka 8 mpaka ka 16 pa mphindi imodzi, ndipo sungaone n'komwe kuti akupuma. Wamphumu ndi wina. Mphuno zimakhala zili yasa, mamina oyera akutuluka, ndipo potulutsa mpweya amachita kukankha ndi mimba kawiri. Pakapita nthawi minofu ya pamimba imakula ndi ntchitoyo, mpaka pamaoneka mzere wotsetsereka m'munsi mwa nthiti. Ukaona mzerewo, dziwa kuti nyamayo yavutika kwa nthawi yaitali. Thupi nthawi zambiri silitentha, ndipo anzake sangatengere. Likatentha, itanani dokotala wa ziweto tsiku lomwelo, chifukwa kuno kum'mwera kwa Africa kuli matenda ena oyenda ndi touluka toluma, African horse sickness, amene amapha m'masiku ochepa.

Chimayambitsa mphumu ndi fumbi ndi chuku. Udzu umene unamangidwa usanaumitsitse umachita chuku mkati, ngakhale kunja ukuoneka bwino. Taumasulani padzuwa muone kautsi kamene kamatulukamo: kavalo amakapuma mphuno ili mu udzumo kwa maola ambiri. Njira za mpweya m'mapapo zimatupa, zimapanikizika, n'kudzaza makhololo.

Mankhwala alipo. Dexamethasone amachepetsa kutupa, clenbuterol amatsegula njira za mpweya, ndipo onsewa ndi oyenera kulembedwa ndi dokotala. Koma chimandiwawa n'chakuti ena amawononga ndalama pa jakisoni kavalo akugonabe m'khola lotsekeka, lonunkha mkodzo. Mankhwala akatha, chifuwa chimabwerera.

Mutulutseni azikhala pamsipu usana ndi usiku ngati n'kotheka. Udzu wouma uvikeni wonse m'madzi kwa mphindi 30, adye usanaumenso, ndipo muziuika pansi kuti mutu ukhale chozolika, makhololo azitsika. Wachuku tayani. Posesa m'khola, yambani mwamutulutsa, muwaze madzi, abwerere fumbi litakhazikika. Mphumu sichizika, koma kavalo wochotsedwa m'fumbi amayamba kupuma bwino pakangopita milungu ingapo, ndipo ambiri amabwereranso pantchito.