Wojambula amene anaseketsa anthu popanda mawu

BINDURA, Zimbabwe – M'dera la migodi la Bindura ndi Shamva, kumpoto chakum'mawa kwa Harare, muli mabanja ambiri amene makolo awo anachokera ku Malawi, Zambia ndi Mozambique. Makolowo atafika m'makomponi m'nthawi ya atsamunda, anapezana ndi anthu a zilankhulo zina, ndipo kusiyana kumeneku kunali vuto lalikulu kwa opanga mafilimu a nthawiyo. Funso linali lakuti filimu imodzi ingaseketse bwanji Mchewa, Mshona ndi Mbemba pa usiku umodzi.

Mmodzi mwa anthu amene analimbana ndi funsoli anali Stephen Peet, wojambula mafilimu wa ku Britain amene anabadwa m'chaka cha 1920.

Peet anakulira m'banja la mpingo wa Quaker. Pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse anakana kugwira mfuti ndipo anatumikira m'gulu lothandiza ovulala la Friends' Ambulance Unit, kufikira pamene anagwidwa ndi asilikali a Germany. M'chaka cha 1948 analowa ntchito ku Central African Film Unit, nthambi imene inakhazikitsidwa chaka chomwecho kuti izipangira mafilimu anthu akuda a ku Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Mkulu wake anali Alan Izod.

Mafilimu oyambirira a nthambiyi ankajambulidwa pa filimu ya mamilimita 16, ndipo analibe mawu. Magalimoto ankayenda nawo m'midzi ndi m'malo a ntchito, ndipo wotanthauzira ankaima pambali pa chinsalu n'kumafotokoza nkhaniyo m'chilankhulo cha anthu a pamalopo.

Motero mtolo waukulu unali pa wojambula. Nthabwala ya pakamwa imatha mphamvu ikamasuliridwa, koma munthu woterereka m'matope kapena wothamangitsa galimoto yake amaseketsa aliyense. Kuti zimenezi zitheke, wojambula amaimika kamera patali ndithu kuti thupi lonse la wosewera lioneke, pamodzi ndi chinthu chimene chimugwetse. Owonera amafunika kuona dzenje wosewerayo asanaliwone. Chithunzi chikadulidwa msanga, kuseka sikubwera, chikachedwa, kumazilala.

Ntchito inali yovutirapo chifukwa antchito anali ochepa. Peet ankatsogolera osewera komanso kugwira kamera, ndipo ambiri mwa osewerawo anali anthu wamba amene anali asanaonekepo pa chinsalu.

Nthabwalazo zinali ndi cholinga. Boma linkafuna kuti anthu alime, asunge ndalama ndi kumvera malamulo monga mmene ilo linkafunira. Filimu ya The Two Farmers inafanizira mlimi womvera alangizi ndi mnzake wosamvera, pamene Mulenga Goes to Town, yojambulidwa ku Northern Rhodesia ndi Louis Nell, inaonetsa mnyamata wa kumudzi akukumana ndi zokhoma mumzinda. Uthenga wake unali woonekeratu: wa kumudzi akhale kumudzi.

Komabe owonera sankameza zonse. Wolemba mbiri James Burns, m'buku lake la Flickering Shadows la 2002, anaonetsa kuti anthu a ku Southern Rhodesia ankatsutsa mafilimu ophunzitsa ulimi pamene boma lomwelo linkawalanda minda ndi kuwachepetsera ng'ombe, ndipo m'makomponi ndi m'matauni ambiri ankakonda mafilimu a makaubhoyi a ku America.

Ngakhale zinali choncho, nthambiyi inatsegulira khomo asangalatsi akuda. Kenneth Mattaka, wochokera ku Nyasaland, anasewera mu filimu yoseketsa ya Mattaka Buys a Motor Car. Mattaka yemweyo ndi amene anaphunzitsa Safirio Madzikatire, amene pambuyo pake anatchuka pa wailesi ya kanema ya ku Zimbabwe ndi dzina loti Mukadota kufikira imfa yake m'chaka cha 1996.

Central African Film Unit inatha m'chaka cha 1963 pamodzi ndi chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, itapanga mafilimu mazana angapo. Peet anali atabwerera kale kwawo, kumene anakumana ndi chopinga china. Nthambi ya ukazitape ya MI5 inamutsekereza kwa kanthawi kupeza ntchito yokhazikika ku BBC chifukwa mbale wake, mtolankhani John Peet, anali atathawira ku East Germany m'chaka cha 1950.

Chopingacho chitachoka, Peet anayambitsa pulogalamu ya Yesterday's Witness m'chaka cha 1969. Mmenemo anthu wamba okalamba ankakhala kutsogolo kwa kamera n'kumasimba okha zimene anaona pa moyo wawo. Munthu amene anayamba ndi kujambula anthu opanda mawu, wina n'kumawalankhulira, anamaliza ntchito yake powapatsa anthu mpata wolankhula okha. Anamwalira m'chaka cha 2005.

Lero achinyamata a ku Bindura, Lilongwe ndi Chipata amajambula timasewero toseketsa ndi mafoni n'kutiika pa Facebook ndi YouTube, m'Chishona ndi m'Chichewa, popanda wotanthauzira wa boma. Mafunso amene wojambula amakumana nawo ndi omwe aja: kamera iime pati, chithunzi chidulidwe liti, ndipo amene akusekedwayo ndi ndani.