Njinga Yobedwa Idabala Ngwazi ya Nkhonya

M'chaka cha 1954, mnyamata wa zaka 12 wa mumzinda wa Louisville ku America adamubera njinga yake yatsopano. Misozi ili chuchuchu, adakadandaula kwa wapolisi wina dzina lake Joe Martin, nalumbira kuti wakubayo akangompeza amuthibula. Wapolisiyo, yemwe ankaphunzitsanso anyamata nkhonya, adamulangiza kuti ayambe waphunzira kuponya chibakera asanaopseze munthu. Njinga ija siidapezeke, koma mu 1960 mnyamatayo adapata mendulo yagolide pa masewero a Olympics ku Rome.

Ameneyu ndi malemu Muhammad Ali, yemwe panthawiyo ankatchedwa Cassius Clay. Mbiri ya moyo wake adaifotokoza m'buku la The Soul of a Butterfly, limene adalemba ndi mwana wake wamkazi Hana, ndipo lidatuluka mu 2004.

Mayeso aakulu adadza mu 1967. Ali adakana kulembedwa usilikali pa nkhondo ya ku Vietnam chifukwa cha chipembedzo chake. Adamulanda lamba wa ukatswiri, namuletsa kumenya nkhonya kwa zaka zitatu ndi theka, pamene mphamvu zake zinali pachimake. Iye sadakhale manja lende. Adayamba kuyendera masukulu aukachenjede n'kumakamba nkhani kwa ophunzira, ndipo banja lake linkadya za pakamwa pake m'malo mwa za zibakera. Mu 1971 bwalo lalikulu la milandu lidamuyeretsa, ndipo mu 1974 adagonjetsa George Foreman ku Kinshasa natenganso lamba uja.

Mu 1984 madokotala adamupeza ndi matenda a Parkinson's, amene amanjenjemeretsa thupi ndi kulemeretsa lilime. Munthu yemwe kale ankadzitama kuti palibe womposa adalandira matendawa ngati chikumbutso chakuti wamkulu ndi Allah yekha. Mu 1996 sadachite manyazi kuyatsa muuni wa Olympics ku Atlanta dzanja likunjenjemera, dziko lonse likuona. Adamwalira mu 2016.

Abale ndi alongo, kupirira kumene Chisilamu chimatiphunzitsa sikungogwira njakata. Akuluakulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha, komatu wodekhayo amakhala ali tcheru. Mwana akalephera mayeso, malonda akalowa pansi kapena ntchito ikatha, makolo musathamangire kunyoza kapena kufunafuna wolodza. Khalani naye pansi wovutikayo, mumuthandize kuona chimene chatsala m'manja mwake, ndipo ayambire pamenepo.