Dzina likasowa pam'ndandanda

Kuwerenga: 2 Samueli 19:24-30, Machitidwe 6:1-7

Tsiku lowerenga mayina a mabanja amene alowe m'ndondomeko ya Mtukula Pakhomo limasiya mudzi utagawika pawiri. Anthu amasonkhana pabwalo la sukulu kapena pansi pa mtengo kwa anyakwawa, mlembi n'kuyamba kuitana mayina. Ena amalulutira. Ena amadikira mpaka dzina lomaliza, kenaka n'kukutumula fumbi pansalu, ulendo wa kunyumba. Pakati pa obwerera chimanjamanjawa sipalephera kupezeka mayi amene akulera mwana wosayenda, bambo amene adachita khungu atakula kale, kapena gogo amene adafa ziwalo mbali imodzi. Mukawafunsa chimene achite, yankho limakhala lofanana kuyambira kwa Nazombe mpaka kwa Chiwalo: "Nanga tingatani ife? Mulungu sadalembe kuti tilandire."

Mawuwa amamveka ngati a munthu wokhulupirira, ndipo ife a mumpingo timawavomereza msanga chifukwa amatipeputsira ntchito. Koma okondedwa awerengi, m'ndandanda uja adalemba ndi munthu. Mwina adafika pakhomopo dzuwa litapendeka, atatopa, n'kufunsa mafunso kwa wina amene sadali mwini nkhani. Cholembedwa ndi munthu chimatha kulakwika, ndipo chikalakwika pali njira yochikonzera.

Tiyambe ndi kudziwa chimene chilipo, poti safunsa adadya phula. M'dziko muno mulibe ndalama ya mwezi ndi mwezi imene boma limapereka mwapadera kwa anthu aulumali, monga zimakhalira ku South Africa. Khomo lalikulu limene mabanja osauka a anthu aulumali amalowerapo ndi la Mtukula Pakhomo. Ndondomekoyi idayamba mongoyesera ku Mchinji mu 2006, ndipo Phalombe idali m'gulu la maboma asanu ndi awiri oyambirira kulandira, pamodzi ndi Likoma, Machinga, Salima, Mangochi ndi Chitipa. Pofika mu 2018 idali itafika m'maboma onse 28. Ndalama imene banja limalandira imatengera kuchuluka kwa anthu pakhomopo, ndipo pamakhala kapamwamba ngati pali ana apasukulu.

Kwa zaka zambiri, kuti banja lilowe, lakhala likuyenera kukhala ndi zinthu ziwiri nthawi imodzi. Choyamba, likhale losaukitsitsa. Chachiwiri, likhale lopanda manja ogwira ntchito: pakhomopo pasakhale munthu wa zaka zapakati pa 19 ndi 64 amene ali ndi mphamvu, kapena ngati alipo, akhale kuti akusenza yekha anthu oposa atatu. Ulumali umalowera pa mfundo yachiwiriyi, ndipo m'pamene mabanja ambiri amagwera. Mnyamata wa zaka 30 amene amagwa khunyu kangapo pa sabata amaoneka wojintcha akakhala pakhonde. Mtsikana wosamva amamwetulira alendo ngati wina aliyense. Wodwala matenda a maganizo ali ndi masiku ake abwino. Wolemba akangoona ndi maso n'kulemba kuti pakhomopa pali munthu wamphamvu, banjalo limatsika pam'ndandanda, chikhalirecho mayi wake sangapite kukagwira ganyu ku nandolo wa eni ake poopa kuti mwana agwera pamoto.

Pali china chimene tiyenera kudzifunsa tokha. Mabanja angati amabisa mwana wolumala kuchipinda alendo akafika? Manyazi amenewa tidawabzala tokha ndi nkhani zathu zoti ulumali ndi tsoka, ndi kukhwima kwa makolo kapena chilango cha tchimo, nkhani zimene Ambuye Yesu adazikana poyera pa za munthu wobadwa wosaona uja pa Yohane 9. Mwana amene adabisidwa tsiku la kalembera salembedwa, ndipo kompyuta imene imasanja mabanja potengera mayankho a denga, ziweto ndi anthu apakhomo singawerengere munthu amene sidauzidwe. Kalembera wa anthu wa 2018 adapeza kuti anthu pafupifupi 10 mwa 100 aliwonse a zaka zisanu kupita m'tsogolo ali ndi ulumali wina wake. Tayang'anani m'tchalitchi mwanu Lamulungu likudzali, muone ngati alipo ochuluka chomwecho. Otsalawo ali kunyumba.

Tinenenso chilungamo kuti si kukanidwa konse kumene kumachokera pa kulakwitsa. Kwa zaka zambiri mulingo wa ndondomekoyi wakhala mabanja 10 mwa 100 aliwonse. M'boma la anthu oposa 400,000, limene lidaona napolo wa ku Michesi mu 1991 ndiponso namondwe wa Freddy mu March 2023 amene adakokolola nyumba ndi minda m'madera monga Nkhulambe, osaukitsitsa ndi ochuluka kuposa malo amene alipo. Banja likhoza kukhala loyenera ndithu koma n'kutsala chifukwa ena ali pamavuto oposa. Komabe banjalo liyenera kuuzidwa ngati latsala chifukwa malo atha kapena chifukwa za pakhomo pawo zidalembedwa molakwika, pakuti zifukwa ziwirizi zili ndi mankhwala osiyana.

M'Malemba muli munthu wolumala amene adalandidwa zake chifukwa cha mawu amene wina adamunenera iye kulibe. Mefiboseti, mwana wa Yonatani, adalumala miyendo yonse ali ndi zaka zisanu pamene mlezi wake adamugwetsa pothawa. Mfumu Davide adamuitanitsa kuchokera ku Lodebara, adamubwezera minda ya agogo ake Sauli, ndipo adaika Ziba kuti azimulimira. Tsono pamene Davide ankathawa mwana wake Abisalomu, Ziba adamuchingamira panjira ndi abulu ndi chakudya, n'kunena kuti mbuye wake watsala dala ku Yerusalemu poyembekezera kulanda ufumu. Davide, ali m'mavuto akeake, adagamula pomwepo kuti zonse za Mefiboseti zikhale za Ziba. Sadatume mthenga kukafunsa mbali inayo. Iyi idali mfumu yoopa Mulungu, koma idaweruza munthu wosayenda pomvera munthu woyenda amene adafika msanga.

Chimene Mefiboseti adachita mfumu itabwerera n'chofunika kuchiyang'anitsitsa. Adapita kukakumana nayo. Thupi lake lidali umboni, pakuti chichokereni mfumu sadasamale mapazi ake, sadamete ndevu, sadachape zovala. Atafunsidwa, adafotokoza mwatchutchutchu kuti adafuna kukwera bulu kuti atsatire mfumu, koma wantchito wake adamupusitsa ndi kumunamizira. Adalankhula mwaulemu, sadatukwane, komanso sadameze nkhani yake. Davide adasintha chigamulo, ngakhale sadachisinthe chonse: adati awiriwo agawane mindayo. Owerenga Baibulo ambiri amadandaula ndi chiweruzo chimenechi, ndipo nanenso ndimachiona kuti chidali cha munthu wofuna kuthana ndi nkhani msanga. Koma theka limene lidabwerera lidabwerera chifukwa mwini nkhani adamveka.

Malamulo a dziko lino amapereka mwayi womveka womwewo. Gawo 43 la malamulo aakulu a dziko limapatsa munthu aliyense ufulu woti ofesi ya boma imuchitire zinthu motsata malamulo ndi mwachilungamo, komanso woti apatsidwe zifukwa zolembedwa ngati chiganizo cha ofesiyo chikukhudza ufulu kapena zofuna zake. Gawo 20 limaletsa kusala munthu chifukwa cha ulumali. Dziko lathu lidavomereza pangano la United Nations la ufulu wa anthu aulumali mu 2009, lidakhazikitsa lamulo la za ulumali mu 2012, ndipo mu 2024 padabwera lamulo latsopano limene lidalowa m'malo mwa lakalelo. Pansi pa lamulo latsopanoli, bungwe limene tidalizolowera kuti MACOHA tsopano likutchedwa MACODA. Choncho mayi amene akufunsa chifukwa chimene dzina lake lasowera sakuchita mwano kwa amfumu kapena kwa boma. Akufunsa chimene lamulo lidamupatsa kale.

Dandaulo limayambira pafupi. Ndondomeko ya Mtukula Pakhomo ili ndi makomiti a m'midzi ndi m'madera olandira madandaulo, ndipo ndi bwino kulankhula pamsonkhano wowerenga mayina pomwepo, anthu amene amalidziwa banjalo adakali pabwalo. Zikakanika pamenepo, nkhani ipite ku ofesi ya zachisamaliro cha anthu ku Boma, imene ili pansi pa bwanamkubwa. Popita kumeneko musadalire pakamwa pokha. Lembani kalata yaifupi yotchula dzina la mutu wa banja, mudzi, gulupu ndi mfumu yaikulu, anthu onse apakhomo ndi zaka zawo, ulumali umene ulipo ndi ntchito zimene munthuyo sangathe kugwira chifukwa cha ulumaliwo. Tengani chiphaso cha unzika ndi buku la kuchipatala, ndipo ngati m'bukumo simudalembedwe bwino za vutolo, yambani mwapita kuchipatala kuti adokotala akalembe. Kalatayo ikhale iwiri, ina itsale m'manja mwanu italembedwa tsiku limene mwapereka. Pemphani kuti akuuzeni chifukwa chimene mudatsalira. Palibe ndalama imene muyenera kulipira kuti dandaulo limveke, ndipo wopempha ya fanta pa nkhani yotere akuba, ngakhale atakhala mkulu wa mpingo.

Ngati miyezi ikudutsa popanda yankho, ofesi ya Ombudsman imalandira kwaulere madandaulo a anthu amene sadathandizidwe mwachilungamo ndi maofesi a boma, ndipo ili ndi nthambi ku Blantyre. Kulinso bungwe la Malawi Human Rights Commission, komanso FEDOMA, mgwirizano wa mabungwe a anthu aulumali, amene amadziwa makomo awa kuposa ambiri a ife.

Akuluakulu adati wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Mwambiwu ndi woona, koma adaunena poganiza za munthu amene angathe kudzuka pamphasa n'kufika pachitsekopo. Kuchokera ku Nambazo kapena ku Chiringa kufika pa Boma ndi ulendo wa ndalama, ndipo munthu wosayenda amalipira kabaza pawiri, yake ndi ya womuperekeza. Wosamva akafika pa ofesi amafuna womumasulira. Wosaona sangawerenge m'ndandanda wopachikidwa pakhoma. Njira yodandaulira imakhala yotseguka kwa onse papepala, koma amene amaifunitsitsa ndi amene amalephera kuiyenda. Mefiboseti yemwe adatsala ku Yerusalemu chifukwa chosowa womumangira bulu.

Apa m'pamene nkhani ya pa Machitidwe 6 imatikhudza. Mumpingo woyamba wa ku Yerusalemu mudabuka kung'ung'udza chifukwa amasiye a Ayuda olankhula Chigriki ankadumphidwa pogawa chakudya cha tsiku ndi tsiku. Atumwi sadawauze odandaulawo kuti apemphere ndi kupirira, ndiponso sadawatche oukira. Adaitana mpingo wonse, adavomereza kuti kagawidwe kakulakwika, n'kupempha kuti pasankhidwe amuna asanu ndi awiri a mbiri yabwino oti ayang'anire ntchitoyo. Mukawerenga mayina a osankhidwawo, kuyambira Stefano ndi Filipo mpaka Nikolao, mupeza kuti onse ndi mayina a Chigriki. Zikuoneka kuti mpingo udapereka ntchito yogawa m'manja mwa anthu a mbali imene inkadandaula. Mipingo yambiri imati udikoni udayambira pamenepa, kutanthauza kuti udindo umenewu udabadwa chifukwa cha amasiye amene adasowa pam'ndandanda.

Masiku ano madikoni athu tawasandutsa owerenga chopereka ndi okonza mabenchi. Amayi a Mvano, a Chigwirizano, a Dorika ndi a m'miphakati amayendera odwala mokhulupirika, atanyamula ufa, sopo ndi nkhuni, ndipo Mulungu awadalitse pa ntchito imeneyi. Koma ufawo umatha pa sabata. M'gulu lomwelo muli mphunzitsi wopuma amene angalembe kalata ija pa mphindi zochepa, muli mnyamata wa njinga yamoto amene angapereke ulendo umodzi wa ku Boma ngati chopereka chake, muli mlangizi wa zaumoyo amene amadziwa tsiku limene adokotala oona za khunyu ndi matenda a maganizo amapezeka. Anthu anayi aja a pa Marko 2 adasasula denga kuti mnzawo wofa ziwalo afike pamaso pa Yesu. Ife sitikupemphedwa kusasula denga la ofesi iliyonse, koma kukhala pabenchi pamodzi ndi mbale wathu mpaka atamuitana.

Pothandiza tichenjere ndi mtima wa Ziba. Woperekeza asasanduke mwini nkhani. Pa ofesi, musiyeni munthu waulumaliyo alankhule yekha ngati angathe, inu muzingowonjezera pamene wapempha. Musakometse nkhani ndi bodza, monga kuchulukitsa ana kapena kubisa mbuzi kwa aneba, chifukwa malo amene mwapeza mwachinyengo mwalanda banja lina lovutika koposa la m'mudzi momwemo. Ndipo dzina likalowa, ndalamayo ndi ya pakhomopo. Alipo achibale amene amasunga chiphaso cha gogo wosaona, iwo n'kumakalandira, gogoyo n'kumangomva kuti ndalama sizidabwere mwezi uno. Nkhani yotere nayonso ndi dandaulo loyenera kupita ku komiti, ndipo mpingo umene ukuidziwa usaikwirire poti wochitayo amaimba kwaya.

Kalembera wa mabanja amabwerezedwa pakapita zaka, ndipo akadzafikanso m'dera lanu padzafunika kuti aliyense apezeke pakhomo ndi kulembedwa monga alili. Mpingo uliwonse uli ndi buku la Akhristu ake, lolembedwa bwino mayina a obatizidwa, okwatira ndi opereka chakhumi. M'buku lomwelo mungathe kukhala tsamba la mabanja amene muli munthu waulumali, lonena amene ali ndi chiphaso cha unzika ndi amene alibe, amene adalembedwa ndi amene adadumphidwa, komanso dzina la dikoni kapena mayi amene adzakhale pakhomopo tsiku limene olemba adzafike.