Khunyu ku Machinga ndi Balaka: chiyambi chake ndi ntchito ya anamwino

Khunyu, lomwe ena amalitchula kuti matenda akugwa, ndi vuto la mu ubongo limene limachitika pamene timaselo ta ubongo, tomwe timatumizirana mauthenga kudzera mu mphamvu yofooka ya magetsi, tatulutsa mphamvuyo mochuluka ndi mosalongosoka pa nthawi imodzi. Chisokonezochi chikafalikira ubongo wonse, munthu amakomoka, kuuma thupi, kenako kuphiriphitha, ndipo nthawi zina amadziluma lilime kapena kudzikodzera. Chikakhala mbali imodzi yokha, angangogwedezeka mkono, kutafuna mopanda kanthu m'kamwa, kapena kuyang'ana malo amodzi osayankha, zomwe kusukulu zimatengedwa ngati mwano. Achipatala amanena kuti munthu ali ndi khunyu akagwa kawiri kapena kuposerapo, pa nthawi zotalikirana kuposa maola 24, popanda chomuputa chodziwika cha nthawi yomweyo. Motero mwana wa miyezi 6 mpaka zaka 5 amene wakomoka chifukwa cha kutentha thupi, kapena mayi woyembekezera amene wakomoka chifukwa cha kuthamanga kwa magazi, sali m'gulu limeneli, ngakhale onsewa ayenera kuthamangira nawo kuchipatala.

M'maboma a Machinga ndi Balaka, khunyu silingakambidwe mosiya malungo. Madambo ozungulira nyanja za Chilwa, Chiuta ndi Malombe, pamodzi ndi chigwa cha Shire, amaswetsa udzudzu wambiri, ndipo malungo akafika mu ubongo wa mwana amatha kusiya chipsera chomwe chimadzayambitsa kugwa patapita miyezi mwanayo atachira. Kafukufuku wa pa chipatala cha Queen Elizabeth ku Blantyre, wotsogozedwa ndi Gretchen Birbeck ndipo wosindikizidwa mu 2010, anatsatira ana 132 omwe anapulumuka malungo a mu ubongo, ndipo 12 mwa iwo anadzakhala ndi khunyu. Pa chifukwa ichi katemera wa malungo, yemwe Malawi anayamba kupereka mu April 2019 m'maboma 11 kuphatikizapo awiriwa, ayenera kuonedwanso ngati chida chopewera khunyu, monganso neti yonyikidwa m'mankhwala. Zina zoyambitsa vutoli ndi kubanika kwa mwana pobadwa, matenda oumitsa khosi, kuvulala m'mutu pa ngozi za kabaza, sitiroko, ndi mphutsi za njoka ya m'mimba yochokera ku nkhumba, koma kwa anthu ambiri chiyambi chake sichipezeka.

Bungwe la WHO limati anthu pafupifupi 50 miliyoni padziko lonse ali ndi khunyu, kuti 7 mwa 10 alionse angathe kusiyiratu kugwa atalandira mankhwala oyenera, komanso kuti m'maiko osauka atatu mwa anayi salandira chithandizocho. Kuno mpata umenewu umatsekedwa makamaka ndi anamwino ndi madokotala aang'ono, chifukwa akatswiri a ubongo ndi ochepa kwambiri ndipo makina oyezera mafunde a magetsi a mu ubongo sapezeka m'zipatala za kumidzi. Odwala khunyu amaonedwa pa kiliniki ya matenda a maganizo, monga pa chipatala cha boma cha Machinga ku Liwonde ndi cha Balaka, pomwe ovutikitsitsa amatumizidwa ku Zomba kapena ku Blantyre. Dongosolo limeneli lili ndi choipa chake, poti limalimbikitsa maganizo olakwika akuti khunyu ndi misala, mwakuti mabanja ena amachita manyazi kukaima pa mzere wa kiliniki yotero.

Popanda makina, chida chachikulu cha namwino ndi mafunso. Nthawi zambiri wodwala sakumbukira zomwe zinachitika, choncho amene anaona ndiye amafunsidwa za mmene kugwako kunayambira, kutalika kwake, ngati maso anatembenuka, ngati thupi linali lotentha, ndi nthawi yomwe munthuyo anatenga kuti atsitsimuke. Wodwala akafika akuphiriphithabe, namwino amamugoneka chammbali kuti malovu asapite ku mapapo, amayeza shuga wa m'magazi ndi malungo, ndipo kugwako kukapitirira mphindi 5 amapereka diazepam kudzera mu mtsempha kapena kotulukira chimbudzi, akuyang'anitsitsa kapumidwe chifukwa mankhwalawa amatha kukachepetsa. Kugwa kosalekeza kotere kumawononga ubongo ndipo kumapha.

Kunyumba malangizo ndi ochepa: kuchotsa munthuyo pafupi ndi moto kapena madzi, kuika nsalu pansi pa mutu, kusamupanikiza, kusamuika supuni kapena chala m'kamwa, ndi kusamumwetsa kanthu mpaka atatsitsimuka. Chimene chimalepheretsa thandizo losavuta limeneli ndi chikhulupiriro chakuti khunyu limafala kudzera m'thovu la m'kamwa kapena mpweya umene wodwala watulutsa, chomwe chimachititsa anthu kuthawa pamene mayi wagwera pa mafuwa. Khunyu silipatsirana. Zilonda za moto zimene zimapinda zala, ndi kumira kwa asodzi kapena ana okatunga madzi, zimachokera ku kuchedwa kwa oonerera, ndipo mawu akuti wakhunyu amene wapsa sachiranso alibe umboni uliwonse.

Gawo lovuta kwambiri ndi la kumwa mankhwala tsiku lililonse kwa zaka. Phenobarbitone, carbamazepine, phenytoin ndi sodium valproate sachotsa chipsera cha mu ubongo, koma amaletsa chisokonezo cha magetsi chija bola akhale m'magazi pa mlingo wokhazikika, ndipo kuwasiya mwadzidzidzi, makamaka phenobarbitone, kungabweretse kugwa koopsa kuposa kwa poyamba. Munthu wa ku Nayuchi, Chikweo kapena Phalula amene wayenda mtunda wautali n'kupeza mankhwala atatha, kapena amene mvula yamudulira msewu, amakhala pa chiopsezo chimenechi popanda kulakwa kwake. Apa mpamene alangizi a zaumoyo a m'midzi ali ofunika, chifukwa ndiwo angadziwe msanga amene wasiya kubwera ku kiliniki, ndipo ndiwo angalankhule ndi banja lomwe labwerera kwa sing'anga litaona kuti mwana wagwanso.

Namwino ayeneranso kufunsa za mankhwala ena omwe wodwala akumwa. Phenobarbitone, carbamazepine ndi phenytoin amafulumizitsa chiwindi kuphwanya mankhwala ena, motero amafooketsa mapiritsi olera, kulera kwa pamkono, ngakhalenso dolutegravir amene ali mu ma ARV omwe ambiri akumwa masiku ano. Sodium valproate naye amatha kulemaza mwana wosabadwa, choncho mtsikana kapena mayi wa msinkhu wobereka ayenera kukambirana ndi achipatala asanatenge pakati, ndipo akapezeka kuti ali woyembekezera kale asasiye mankhwala payekha, koma apite ku sikelo msanga kuti akaunikenso mtundu ndi mlingo wake.