Flash yanu ikukana kutseguka? Musaifomate kaye

Sabata yatha mlamu wanga, mphunzitsi wa pulayimale cha ku Mkanda, anandipeza pa Boma thukuta lili kamukamu. M'manja anali ndi flash yolembedwa 64GB, yomwe anagula kwa mnyamata wina woyenda ndi katundu m'manja. M'menemo munali malikisi a ana a Sitandade 7 ndi zithunzi za chinkhoswe cha mwana wawo. Akaiika pa laputopu, Windows imangoti aifomate kaye.

"Alamu, inu munapondako ku yunivesite, ndithandizeni," anatero. Sukuluyo sindinaimalize, fizi inavuta, koma za ma flash ndinaphunzira pa kashopu kobena nyimbo komwe ndinkagwira ganyu. Ndiye ndati ndikugawireniko, chifukwa ambiri pano Mchinji timangotaya flash yomwe ikanatheka kudzuka.

Mkati mwa flash muli tizipangizo tiwiri tofunika. Koyamba ndi memory ya mtundu wa NAND, momwe mumakhala mafayilo anu. Kachiwiri ndi controller, yomwe ili ngati kondakitala wa minibasi: ndi iyo imadziwa kuti katundu wa uje ali pati. Controller imayendera malamulo olembedwa mkati mwake, otchedwa firmware. Mukazula flash ikadali mkati mokopa, kapena magetsi akathima pa desktop, kapenanso memory ikangokalamba, kondakitala uja amasokonezeka. Apa ndi pomwe mumaona flash ikuonetsa 0 bytes, ikunena kuti ndi write protected, kapena ikupempha format.

Musanathamangire firmware, yesani zophweka. Sinthani poibaya, yesaninso kompyuta ina. Ngati mafoda asanduka ma shortcut, imeneyo ndi vairasi yotengera m'malo obenera nyimbo. Mafayilo alipo, angobisika. Ngati ikupempha format, kanani, kenako yesani kutulutsa mafayilo ndi PhotoRec kapena Recuva, ndipo muwasungire pa kompyuta, osati pa flash yomweyo.

Chifukwa chake ndi ichi, ndipo muchigwire bwino: pulogalamu yokonza firmware imafufuta chilichonse. Imadzutsa flash, koma mafayilo amapita.

Mukapulumutsa zomwe mungathe, tsegulani kapulogalamu kotchedwa ChipGenius. Kamakuuzani zoona za mkati, osati zolembedwa pa chikuto: manambala a VID ndi PID, kampani yomwe inapanga controller ndi nambala yake. Maina omwe mungakumane nawo kwambiri ndi Phison, Silicon Motion, Alcor Micro, Chipsbank ndi FirstChip. Kampani iliyonse ili ndi pulogalamu yake yomwe amagwiritsa ntchito ku fakitale, ambiri amangoti MPTool. Ya Alcor ndi AlcorMP, ya Phison ndi MPALL. Pulogalamuyi imalembanso firmware, imasanthula memory yonse, kupatula magawo owonongeka, n'kuika kukula kwenikweni kwa flash.

Koma aise, samalani. Pulogalamu iyenera kugwirizana ndi nambala ya controller yanu ndendende, apo ayi mukhoza kuiphelatu. Mapulogalamuwa amayenda pa Windows, ndipo ambiri amapezeka pa masamba a intaneti a ku Russia ndi China, komwe ena amabwera ndi mavairasi. Ine ndimagwiritsa ntchito kalaputopu kakale kopanda chilichonse chofunika. Ndipo ikayamba ntchito musaizule, onetsetsani kuti batire ndi yodzadza.

Nanga ya alamu inatha bwanji? ChipGenius inaonetsa controller ya FirstChip, ndipo memory yeniyeni inali ya 8GB basi. Wina anachita kusintha firmware kuti iziname kuti ndi 64GB, ndi mapulogalamu omwewa. Flash yotere imalandira mafayilo bwinobwino mpaka itadzadza 8GB ija, kenako zonse zoonjezera zimangopita m'madzi ngakhale maina ake akuoneka. Malikisi tinawapeza ndi PhotoRec chifukwa anali oyamba kuikidwa. Zithunzi zambiri za chinkhoswe sizinabwerere, ndipo alamu anakhala chete kwa kanthawi ndithu. Flash tinaidzutsa, pano ikuonetsa kukula kwake koona.

Pali flash zina zoti firmware singathandize. Ngati kompyuta siikuimva n'komwe, kapena ikutentha mukangoibaya, kapena mutu wake unathyoka, vuto ndi la zitsulo, pitani kwa okonza mafoni akaone ngati angawotcherere.

Kaya mwagula pa Boma, pa Kamwendo, ku Lilongwe kapena mwadutsa pa Mwami kukagula ku Chipata, flash yatsopano muiyese musanaikemo kanthu. Pali kapulogalamu kaulere kotchedwa H2testw, kochokera ku Germany, komwe kamadzadza flash yonse n'kuwerenganso kuti kaone ngati zonse zabwerera. Zimatenga nthawi, koma bodza la 64GB limaululika tsiku lomwelo, wogulitsa mukadamukumbuka nkhope. Mtengo ukatsika modabwitsa, dabwani ndithu.

Ndipo flash yokonzedwa musaikhulupirire ngati kale. Ikanimo nyimbo ndi mafilimu. CV, masatifiketi ndi malikisi a ana muzisunganso pena, kaya pa Google Drive kapena kudzitumizira pa imelo. Alamu pano amatero Lachisanu lililonse asanaweruke.