Kodi Kusewera mu Kanema Wophunzitsa ndi Ntchito?

Ambiri a ife pa sukulu pano taonapo kanema wophunzitsa masewera, m'mene munthu aonetsa kaponyedwe ka mpira wamanja kapena kalumphidwe koyenera. Tsono anzanga ena amafunsa kuti, kodi anthu amenewa ndani, nanga ntchitoyi angadye nayo?

Nkhaniyi inayamba kale. M'chaka cha 1948 boma la atsamunda linakhazikitsa Central African Film Unit ku Salisbury, kumene lero ndi ku Harare, kuti lizikonzera makanema anthu a ku Nyasaland ndi a ku Rhodesia konse kuwiri. Ntchitoyi inatha mu 1963 pamodzi ndi Chitaganya. Makanema ambiri oyamba analibe mawu. Galimoto inkafika pamudzi madzulo, nsalu yoyera nkupachikidwa, ndipo munthu wina ankamasulira m'chilankhulo cha eni mudzi. Osewera ake kawirikawiri anali anthu wamba osaphunzira ntchitoyo, ndipo nkhani inkakonda kukhala ya anthu awiri, wanzeru ndi wopusa, monga mu The Two Farmers.

Makanema amenewo anali a ulimi, ukhondo ndi kasungidwe ka ndalama, koma nzeru ya anthu awiriyo njoyenera kwambiri pa masewera: wina aonetsa cholakwa, wina chokhoza. Wosewerayo ayenera kubwereza chinthu chimodzi kambirimbiri osasintha, pakuti kanema adzayendetsedwa pang'onopang'ono, ndipo phazi likatera molakwika aliyense adzaona. Chifukwa chake pafunika katswiri weniweni. Kutsika phiri mothamanga angakuonetse bwino ndi wa mpikisano wa Porters' Race ku Likhubula, osati ife a drama, ngakhale tili ndi pakamwa.

Za malipiro, ine ndiona kuti iyi ndi ganyu chabe. Wofuna kudya ndi kanema ayang'ane makanema a nkhani, monga a Shemu Joyah, kapena The Boy Who Harnessed the Wind wa 2019, amene anajambulidwa ku Kasungu.

Koma mbali yovuta koposa ndi ya wopusa, pakuti kulakwa mwadala kufuna munthu wodziwa kukhoza. Aphunzitsi athu a masewera atatijambula pa foni teremu yatha, anasankha mnzanga wolumpha bwino kuposa tonse kuti agwetse ndodo. Anaigwetsa mwaluso ndithu. Kufikira lero ana a Fomu 1 amamutcha Chigwetsa, ndipo ku hositelo akana kukhulupirira kuti ndiye anatitengera chikho.