Kodi galu angadye creamed corn?

Creamed corn ndi chimanga chachiwisi chotsekemera chomwe amachipala pa chitsononkho n'kuchiphika ndi madzi ake oyera ngati mkaka aja mpaka chikhale ngati phala. Ku America amachikonda kwambiri, ndipo chimagulitsidwanso m'zitini.

Galu atanyambita supuni imodzi kapena ziwiri, palibe chodetsa nkhawa. Chimanga si poizoni kwa galu, pajatu agalu athu akulira mkute wa nsima. Mu 2013, akatswiri a pa yunivesite ya Uppsala ku Sweden anapeza kuti agalu ali ndi makope ambiri a jini yopanga amylase kuposa mimbulu, yomwe ndi makolo awo. Amylase ndi enzyme ija munaiphunzira mu Biology, yogaya sitalichi.

Vuto lagona pa zomwe amathiramo. Cha m'chitini chimakhala ndi mchere komanso shuga. Ophika kunyumba amaonjezera mkaka, batala, ena mpaka anyezi ndi adyo. Agalu ambiri akakula sagaya bwino shuga wa mu mkaka, ndiye amatsegula m'mimba. Koma anyezi ndiye woopsa zedi. Amaononga maselo ofiira a magazi, ndipo kumuphika sikuchotsa poizoniyo. Galuyo saonetsa kudwala tsiku lomwelo, pamadutsa masiku angapo kenako mumangoona wafooka, nkhama zake zayera. Kumbukirani zimenezi mukamamutsanulira msuzi wotsala wa ndiwo.

Komabe ine chimene chimandiopsa kwambiri ndi chitsononkho, makamaka nyengo ya mondokwa pomwe zitsononkho zimangoti mbwee pabwalo. Galu satafuna mofatsa, amaluma chidutswa n'kumeza. Timadzi ta m'mimba mwake sititha kuchisungunula. Tsono ganizirani za paipi ya madzi: mukalowetsamo chinthu cholimba chofanana kukula ndi paipiyo, madzi amaima ndipo mphamvu yokankha imachuluka kumbuyo kwake. Matumbo nawo amatero. Amapitiriza kufinya, chakudya ndi mpweya zimadzadzana, khoma la thumbo limapanikizika mpaka magazi kulephera kufikako, ndipo mbali imeneyo imayamba kufa. Nthawi zambiri chimachoka ndi opaleshoni basi.

Galu akamasanza pafupipafupi, akukana chakudya, kapena akulira mukamugwira pamimba, makamaka ngati munamuona akutafuna chitsononkho, musamukakamize kusanza ndi madzi a mchere. Uzani makolo kuti apite naye kwa dokotala wa ziweto tsiku lomwelo.